Mawu Amene Anamubera Edileuza

"Anthu a kumpoto kuno analibe mawu. Ndinawapatsa ndine."

Ananena zimenezi ndi Dotolo Otaviano Teles, masana ena mu 1991, ali m'kanyumba kodyera pafupi ndi msika wa São José ku Recife, tambula ya kachasu ili m'manja. Za udotolowo musafunse. Kuno aliyense wovala jekete kunja kukutentha timamutcha dotolo, ngakhale sanachizepo ndi chimfine chomwe. Iye anali wopanga mafilimu wochokera ku Rio, ndipo anabwera kudzauza ana a ku yunivesite za ukulu wa ntchito zake. Anyamata awiri amene anakhala naye ankangovomereza, pakuti mowa ankagula ndi iye.

"Ndisanalowe ndi kamera m'dziko louma lija," anapitiriza, "Brazil sinkadziwa nkhope yake."

Mayi amene ankaperekera zakudya anaika mbale ya chinangwa chokazinga patebulo, pang'onopang'ono.

"Ehe," anatero.

"Mwati chiyani, mayi?"

"Ndati idyani chikadatentha, Dotolo."

Dotolo anamuyang'ana, n'kubwerera ku nkhani yake. Sanamuzindikire. Komatu nkhope ya mayiyo ndi imene inali pa chithunzi chachikulu cholengeza filimu yake, chomwe anazungulira nacho mizinda ya ku Ulaya akulandira mphoto.

Dzina lake anali Edileuza. Nthawi imeneyo ankagona m'kachipinda ka lendi kodontha, manja ali zipsera za mafuta zokhazokha, ndipo kwawo ankapitako ngati mlendo. Inu amene mukuwerenga muli pansi, mvetserani mmene munthu amafikira pamenepo asanalakwe kanthu.

Kale, anyamata ophunzira a ku Rio anatulukira kuti Brazil yeniyeni sili m'mafilimu a magule ndi nthabwala amene makolo awo ankaonera. Anati ili kuno kwathu, kumene kuli minga, mbuzi ndi njala. Anabwera ndi makamera, natijambula tili ndi ludzu, nabwerera kwawo kukasamba. Ena anachita ntchito yabwino, tisaname. Otaviano anafika mochedwerapo, mu 1974, m'tauni yaing'ono ya Angico, kudzajambula filimu yotchedwa Dzuwa la Amphawi. Anasankha Edileuza, mtsikana wa zaka khumi ndi zisanu ndi ziwiri, chifukwa atamuona akutunga madzi mtsikanayo sanamwetulire.

Mbali yaikulu ya filimuyo inali ya mtsikana woima pachipata cha mwini minda amene watchinga damu ndi waya. Otaviano sanalembe mawu alionse.

"Ungoima apo, mwana wanga, unene zimene zili mumtima."

Sanadziwe chimene ankapempha. Pa chilala chapitacho, mlongo wake wa Edileuza, Damião, anamwalira ndi ludzu kanyumba kawo kali pafupi ndi damu lotchingidwa ndi waya weniweni. Ndiye mtsikanayo anatsegula pakamwa natemberera. Anatukwana mwini mindayo m'kalankhulidwe ka kwawo, mawu olemera ngati miyala, mpaka wogwira kamera anaiwala kupuma. Atamaliza, onse anawomba m'manja.

Koma masiku amenewo mafilimu ambiri ankajambulidwa zithunzi kumudzi, mawu n'kukaikidwa ku Rio m'chipinda chotsekedwa bwino. Kumeneko Otaviano anaona mavuto awiri. Boma la asilikali silikanalola temberero lotere. Ndiponso, anati, anthu a ku Rio akamva kalankhulidwe ka kumpoto amaseka, chifukwa anazolowera kukamva pakamwa pa antchito a m'nyumba. Anaitana mkazi wina wa masewero a pa wailesi yakanema, wa mawu osalala ngati sopo, namupatsa pepala.

Filimu itafika ku Angico, anaionetsa Lamlungu masana m'holo ya tchalitchi, mazenera atatchingidwa ndi mabulangete. Mayi ake a Edileuza, Dona Gercina, anali asanaonepo filimu chibadwire. Anakhala kutsogolo. Anaona mwana wawo ataima pachipata, natsegula pakamwa, ndipo munatuluka mawu a dona wa m'tauni.

"Mulungu akukhululukireni, bwana. Ife amphawi tinabadwira kupirira."

Holo yonse inafa ndi kuseka. Dona Gercina anaimirira natuluka. Edileuza anawathamangira.

"Mayi, si ine uja!"

"Anakutuma ndani kuti umukhululukire? Damião anakutuma?"

"Mawuwo si anga, mayi. Anaikamo a munthu wina."

"Pakamwa ndi pako. Ndinakuyamwitsa ndekha, sindingapasokoneze."

Kuyambira tsiku limenelo Angico yense ankamutcha Dona wa ku Rio. Akapita kuchitsime, akazi ankapsinja mphuno n'kumupempha kuti awakhululukire. Atatopa, anakwera basi ya ku Recife. Akapita kukaona mayi ake pa Khirisimasi, iwo ankamupatsa khofi mwaulemu wopweteka, ngati wopatsa mkazi wa mkulu wa boma.

Tibwerere m'kanyumba kodyera kaja. Dotolo atatuluka, bambo wina amene ankakhala pakona masiku onse anakodola Edileuza. Anali a Valdemiro, amene anagwira ntchito yojambula mawu a mafilimu kwa zaka zambiri. Chaka chapitacho boma linali litatseka bungwe lothandiza mafilimu, ndipo ntchito yonse inafa ngati nyali yothera mafuta. Nyumba za kanema zinkasanduka matchalitchi ndi malo oimikapo magalimoto. A Valdemiro tsopano ankayendetsa galimoto ya chinkuzamawu, kulengeza za nkhuku zotsika mtengo.

"Ndakuzindikira, mtsikana wa pachipata," anatero. "Ukudziwa kuti pojambula amasunga tepi ya mawu enieni? Amaisunga kuti oikamo mawu aja azitsatira. Yako ali nayo Dotolo uja."

M'mawa mwake Edileuza anali pakhomo la hotela imene Dotolo ankagona. Atadzitchula dzina, Dotolo anatambasula manja.

"Mwana wanga! Nkhope ya Brazil! Wakalamba bwanji!"

"Nkhopeyo isungeni, Dotolo. Ndabwerera mawu anga."

"Mawu ati?"

"Tepi ya pachipata. Ndikufuna mayi anga amve."

Dotolo anakanda ndevu. Kenako anaseka mokoma mtima, kuseka kwa munthu wokumbukira zaubwana.

"Aa, matepi aja! Zinthu zinali zosowa nthawi imeneyo, mwana wanga. Ndinafufuta n'kujambulapo maganizo anga okhudza tsogolo la dziko lino. Alipo maola ambiri, ukafuna ndikutumizira."

Edileuza anabwerera kuntchito. Anatenga mbale imodzi naiponya pakhoma. Anaona kuti sizinakwane, natenganso zina. Mwini malo anamuchotsa ntchito nthawi ya chakudya cha masana isanakwane.

Alangizi ambiri akuuzani kuti mkwiyo ndi poizoni, muutaye. Amene amanena zimenezi nthawi zambiri sanaberedwepo kanthu. Edileuza sanautaye. Anapita nawo kunyumba kwa a Valdemiro.

"Ndiphunzitseni makina anuwo."

"Kuti utani nawo? Mafilimu anafa, mlongo wanga. Ukufuna kuphunzira kusoka nsapato m'dziko la njoka?"

"Akadzadzuka adzandipeza ndili pomwepo. Munthu wakwathu akatsegula pakamwa, pazituluka zimene wanena."

"Ndilibe chokulipira."

"Nanga ndapempha?"

Anayamba ndi kunyamula mabatire. Anajambula maukwati, maubatizo, ndi andale olonjeza milatho kumene kulibe mitsinje. M'mawa ankagulitsa khofi pa siteji ya basi kuti apeze lendi. Kenako a Valdemiro anamupatsa ndodo yaitali ija ya maikolofoni, imene umaikweza pamwamba pa mitu ya anthu, osaigwedeza, osaionetsa pa kamera, mpaka mapewa amayaka moto. Amuna ambiri amaitsitsa msanga. Mapewa amene anakula ndi kusenza zitini za madzi sanadandaule.

Pamsewu ankamuseka, chifukwa kumapeto kwa ndodoyo kumakhala chaubweya chotchinga mphepo.

"Mayi, khoswe wafayo mukukamuika kuti?"

"Kwa amako, anandituma ndiwo."

Musaganize kuti zinayenda mosalala. Anyamata ena a ku yunivesite atasonkha tindalama tawo kuti ajambule kafilimu kakafupi ka asodzi, anatenga Edileuza chifukwa ndiye anali wotsika mtengo mumzinda wonse. Anajambula masiku angapo pagombe. Pokamvetsera, m'matepi munali mphepo yokhayokha, huu, huu, asodzi akungoyasamula. Mnyamata wotsogolera analira misozi. Wina anati ndizo zimachitika ukapatsa wokazinga chinangwa ntchito ya anthu. Edileuza sanagone bwino sabata imeneyo, ndipo anatsala pang'ono kubweza ndodo. Koma anakwera basi yekha kubwerera kwa asodzi aja, nakhala nawo m'khumbi losungira maukonde, nawapempha kuti anenenso zimene ananena, aliyense ndi pakamwa pake. Kafilimuko kanatuluka mochedwa, koma kanatuluka.

Pakati pa zaka za m'ma 1990 mafilimu anayamba kudzuka, ndipo ulendo uno ana a ku Recife anafuna kudzijambula okha, osadikira alendo. Ntchito yoyamba yaikulu imene Edileuza anapeza inabwera ndi bwana wa ndalama wochokera kumwera. Atamvetsera mayi wina wokalamba wa mufilimuyo, bwanayo anakwinya nkhope.

"Ameneyu sakumveka. Tikamuikira mawu ena ku São Paulo."

"Sakumveka kwa ndani?" anafunsa Edileuza.

"Kwa anthu, mayi. Kwa Brazil."

"Ife ndife chiyani, mbuzi za Brazil? Mafilimu a Azungu mumawamva bwinobwino, gogo uyu ndiye wakukanikani?"

Anamuchotsa tsiku lomwelo, ndipo anabwerera ku khofi wa pa siteji kwa miyezi ingapo. Koma nkhaniyo inayenda m'mabala a Recife, kumene mafilimu ambiri amapangidwira pakamwa. Achinyamata anayamba kunena kuti ukafuna kuti anthu ako amveke monga alili, pita kwa mayi wolusa uja. A Valdemiro makutu atayamba kufooka, anamusiyira makina. Pofika 2001 Edileuza anali ndi chipinda chake chokonzera mawu pamwamba pa sitolo ya nsalu, ndipo anyamata aja amene anamutcha wokazinga chinangwa ankadikira pamasitepe, akumutcha Dona Edileuza.

Chaka chimenecho okonza chikondwerero cha mafilimu mumzindawo anaganiza zolemekeza Dzuwa la Amphawi. Filimuyo inali itakalamba. Zithunzi zinakonzeka, koma mawu anali ataonongeka ndi chinyezi, akulira ngati mafuta pamoto. Okonzawo anati ntchito yoyeretsa ichitikire konkuno, ndipo konkuno woidziwa anali mmodzi.

Dotolo anakwera masitepe akupuma movutikira. Ku Rio anali ataiwalika. Chikondwerero ichi chinali mwayi wake womaliza woti aimirire pamaso pa anthu atavala jekete.

"Mwana wanga! Ndinkadziwa kuti ufika patali. Ndimanyadira kuti ndinakutulukira."

"Khalani pansi, Dotolo, mungagwe. Filimu yanu ndiyeretsa yonse. Agalu auwa bwino, mabelu alira bwino. Koma pachipata paja ndichotsa mawu a mkazi uja. Ndilankhula ndine."

"Sizingatheke! Filimu imeneyi si yanganso, ndi chuma cha dziko!"

"Dzikolo likayeretse."

"Iwe sukumvetsa nthawi imene ija. Asilikali akanaiwotcha. Akanandimanga ine. Ndinasankha kuti nkhope yako ioneke, kusiyana n'kuti pasaoneke kanthu."

M'mawuwo munali choonadi, ndipo Edileuza ankadziwa.

"Asilikali ndiwo anakuuzani kuti anthu a ku Rio aseka kalankhulidwe kanga? Asilikali ndiwo anafufuta tepi? Iwo anachoka kalekale, Dotolo. Inu munatsala, ndipo simunabwere ku Angico kudzauza mayi anga ngakhale mawu amodzi."

"Koma taganiza, mawu a mayi wachikulire pankhope ya mtsikana?"

"Munaikapo a mlendo, simunadwale nazo."

Dotolo anayang'ana pawindo nthawi yaitali, ngati munthu amene akufunsa mbiri ya dziko maganizo ake. Mbiri sinayankhe. Anavomera.

"Pali chinanso," anatero Edileuza. "Sindijambulira muno. Mayi anga sakhulupirira makina, anawanamizapo kale. Akufuna kuona pakamwa pakuyenda. Ndidzalankhula m'holo momwemo, anthu akuona, ndipo zimene zidzajambulidwe ndizo zidzakhale mufilimu mpaka kalekale."

"Nanga ndodo adzagwira ndani, iwe ukulankhula?"

Edileuza anamuloza iye yemweyo ndi chala.

Anatumiza basi ku Angico. Dona Gercina anayamba akana, kenako analamula kuti auzidwe mwana wawoyo kuti akubwera kudzaona nyanja, osati iye. Basi inadzaza. Munali ngakhale akazi aja a kuchitsime, tsopano ali ndi imvi, atanyamula nyama youmitsa padzuwa ngati akupita kunkhondo.

Linali Loweruka masana, m'nyumba ya kanema yakale imene inapulumuka kusanduka tchalitchi. Munali atolankhani, aphunzitsi, ana a sukulu, ndi a Valdemiro atakhala pa makina, chomvera chili m'makutu. Dotolo anakwera pansanja kuti anene mawu ochepa. Ananena za ubwana wake, za Ulaya, za moyo wa dziko. Kenako anafika pa nkhani ya tsikulo.

"Kwa zaka zambiri ndakhala ndikulota zobwezera mtsikana uyu mawu ake. Lero ndaganiza kuti..."

"Bambo inu!" Anali Dona Gercina, pamzere wachitatu. "Tachokera kutali ndipo miyendo yatupa. Mwana wanga akuti munamuika mawu a munthu wina m'kamwa. Munatero kapena simunatero?"

Dotolo anayang'ana atolankhani, nayang'ana mayiyo.

"Ndinatero, mayi."

"Iye anamukhululukira munthu uja?"

"Ayi, mayi. Sanamukhululukire."

"Ndiye khalani chete tione."

Magetsi anazima. Filimu inayenda, agalu akuuwa bwino monga analonjezera. Itayandikira pachipata, kanyali kamodzi kanayaka pansanja. Edileuza anaima pambali pa chinsalu, pansi pa nkhope yake ya utsikana, yaikulu ngati khoma la nyumba. Dotolo anavula jekete, nakweza ndodo pamwamba pa mutu wa Edileuza. Mtsikana wa pachinsalu anatsegula pakamwa, ndipo mayi wa pansanja analankhula. Sanafunike pepala. Mawu amenewa anakhala akuwanenera m'chiwaya kwa zaka zonsezi.

"Ng'ombe zanu zamwa, bwana? Zakhuta? Mlongo wanga tamunyamula pa machila ake ogonera, bokosi tinalibe. Sanapemphe nyama, sanapemphe nsapato. Anapempha madzi, akuwaona ndi maso kuseri kwa waya wanu. Tulukani mundiyang'ane! Lilime lanu lidzauma ngati chikopa. Mudzafa ndi ludzu pakati pa damu lanulo, ndipo ine ndidzabwera ndi chitini changa, ndidzatunga, ndidzakudutsani."

Palibe anaseka. Wina wa ku Angico anafuula kumbuyo kuti, "Muuze!" Mapewa a Dotolo anali akuyaka moto, thukuta likutsika m'ndevu. Atangoyamba kutsitsa ndodo, Dona Gercina anaimirira, atagwira mpando wa kutsogolo.

"Leuza!"

Linali dzina limene sanamutchule chichokereni m'holo ya tchalitchi ija.

"Mayi?"

"Makutu angawa anakalamba. Paja pa ludzu sindinamve bwino. Bwereza." Anatembenukira kwa Dotolo. "Inu bambo, kwezani mtengowo. Mwana wanga sanamalize."

Wa makina anabweza filimu. Dotolo anakweza ndodo. Edileuza anabwereza, mokweza kuposa poyamba, ndipo ulendo wachiwiriwu ndi umene uli mufilimuyo. Mukamvetsera bwino, pansi pa mawu ake mumamveka mkulu wina akupuma movutikira. Edileuza akanatha kuyeretsa pamenepo mosavuta. Anapasiya.

Tsono inu amene wina akulankhula m'malo mwanu, akukufotokozerani kwa anthu ngati kuti munamutuma, musadikire kuti tsiku lina chikumbumtima chimupweteke. Anthu oterewa amagona tulo tabwino. Musathere mkwiyo wanu pa mbale za eni ake, zimatha msanga ndipo ntchito imathera pomwepo. Pitani nawo kumene mungaphunzire chinthu, muunyamule pamapewa ngakhale pamsewu akuseke, ngakhale ntchito yoyamba ituluke mphepo yokhayokha. Zimatenga nthawi, ndipo zina zimene anakulandani sizidzabwerera momwe zinalili. Koma pakamwa mukadali napo. Mtima musautaye, ndipo ikafika nthawi yanu yolankhula, musanong'one.